Wonenerera ndi Ngongole ya Nyumba

Mumzinda wa Blantyre munali munthu wina amene sankagula chinthu pa mtengo umene wauzidwa. Dzina lake linali Sandalamu. Ankagwira ntchito yogula katundu pa kampani ina yopanga sopo, ndipo ntchitoyo inamulowa m'magazi. Akafika pamsika, amayi ogulitsa tomato ankakodolana. Akaima pasiteji, makondakitala ankayang'ana kumbali ngati sanamuone. Liwu lake linali limodzi: "Tsitsani." Analinenapo kwa wometa, mutu utametedwa kale mbali imodzi. Analinenanso kwa wokhoma mabokosi pa maliro a malume ake, mpaka wokhomayo ndiye amene analira kwambiri kuposa anamfedwa. Kuntchito anasiya kumutchula dzina lake. Ankangoti a Tsitsani, iye n'kuyankha mokondwa.

Mkazi wake, Nasibeko, anali mphunzitsi wa Sitandade 4. Anali mayi wosachulutsa mawu. Akapita limodzi kumsika, ankaima patali pang'ono n'kumayang'ana mabilinganya, kuti anthu asadziwe kuti abwera pamodzi.

Munthu mmodzi yekha ndiye anamulaka Sandalamu, ndiye landilodi wake. Banjali linakhala zaka khumi ndi zitatu m'nyumba ya lendi ku Chitawira, ndipo mwini nyumbayo, bambo wopuma ntchito, ankakhala kuseri mumpanda womwewo. Bamboyo anali ndi mphuno yakuthwa. Akamva fungo la nkhuku kawiri pa sabata imodzi, lendi inkakwera. Sandalamu akapita kukati, "Tsitsani," landilodi ankamuyang'ana kuyambira kunsapato mpaka kumutu n'kuyankha kuti, "Samukani."

Chaka china, mwezi wa Novembala, kunabwera kalata yoti kuyambira Januwale lendi idzakhala K420,000. Sandalamu anaiwerenga ataimirira. Anaipinda kanayi, n'kulumbira pamaso pa mkazi wake ndi ana awo awiri kuti chaka chatsopano chidzawapeza m'nyumba yawoyawo.

Nyumba inapezeka ku Machinjiri. Inali ya zipinda zitatu, ya malata, ndipo pakhomo panali mtengo wa mapeyala. Mwiniwake ankafuna K28 miliyoni. Sandalamu anapitako kasanu ndi kawiri. Anagogoda makoma, anasuzumira kudenga, ananyoza utoto, ananyozanso ngakhale mapeyala asanawalawe. Pa ulendo wachisanu ndi chiwiri mwiniwakeyo anavomera K25 miliyoni, ndipo anapempha chinthu chimodzi chokha, kuti asadzaonanenso.

Banjali linali litasunga K5 miliyoni. Zotsalazo, K20 miliyoni, zinayenera kuchokera kubanki.

Tsiku lopita kubanki Sandalamu anavala jekete limene ankavala pokakumana ndi ogulitsa katundu ouma mtima. Nasibeko anapempha tchuthi kusukulu n'kumuperekeza. Anawalandira ndi mayi wina woona za ngongole za nyumba, dzina lake Mayi Chiwaula. Mayiyo anafotokoza modekha. Anati chiwongoladzanja ndi 24 pa 100 pachaka, kutanthauza kuti pa K100 iliyonse imene munthu akadali nayo ngongole, banki imatenga K2 mwezi uliwonse. Anati palinso inshuwalansi ya nyumba ndi ya moyo wa wokongola. Ananena zambiri. Koma Sandalamu ankadziwa kuti wogulitsa aliyense amayamba ndi nyimbo, ndipo wogula wanzeru amadikira nyimbo ithe.

"Mayi, zonsezo ndamva," iye anatero. "Pamwezi ndi zingati?"

"Mukabweza m'zaka khumi, ndi K441,000 pamwezi."

Sandalamu anaseka kuseka kwake kwa pamsika, kotulukira m'mphuno. Ndalamayo inkaposa lendi ya ku Chitawira. Akanamuuza chiyani landilodi?

"Tsitsani."

"Chiwongoladzanja sindingatsitse, bambo. Chimene ndingathe ndi kutalikitsa zaka. M'zaka khumi ndi zisanu ndi K412,000."

Mtima wa Sandalamu unadumpha. Anali atangotsegula pakamwa kamodzi, banki n'kugwa ndi K29,000. Koma sanaonetse kukondwa. Anatola chipewa chake n'kuimirira ngati akupita, monga ankachitira kwa ogulitsa makatoni.

"Tsitsaninso."

"M'zaka makumi awiri ndi K403,500," Mayi Chiwaula anatero. "Koma bambo, taonani nambala iyi pansipa. Ndi ndalama zonse zimene mudzakhale mutapereka pomaliza." Anaizunguliza ndi cholembera chofiira n'kutembenuzira pepalalo kwa iye.

Nasibeko anasendera kuti aone. "Bambo a kunyumba, bwanji tikayambe tawerengera kunyumba?"

"Amayi, pano si pa Sitandade 4," Sandalamu ananong'ona, koma mokweza ndithu. "Nsomba ikamadya nyambo sugwedeza mbedza." Anaphimba pepalalo ndi chipewa n'kuyang'ananso Mayi Chiwaula. "Ifike pansi pa K400,000, tigwirane chanza."

"Sizingatheke. Ngakhale mutati zaka zana limodzi, singatsike kupyola K400,000, chifukwa imeneyo ndi chiwongoladzanja chokhachokha cha mwezi umodzi."

Mawu amenewo akanamuopsa munthu wina. Kwa Sandalamu anali okoma ngati uchi. Iye anamva kuti wakanikiza banki mpaka yafika pansi penipeni, pamene singathenso kutsika. Pa moyo wake wonse wonenerera, anali asanafikitsepo wogulitsa pa malo otero. Anasaina masamba onse, dzanja likuvina, ndipo potuluka anapatsa mlonda wa pakhomo moni wa manja awiri.

Sabata imeneyo kuntchito sikunagwirike ntchito. Sandalamu anayenda ofesi ndi ofesi kufotokoza mmene anagwetsera banki. Ankatengera mawu a Mayi Chiwaula, n'kusonyeza mmene anatolera chipewa. "Anayambira pa 441," ankatero. "Ndinawasiya pa 403, akupuma mwabefu. K37,500 mwezi uliwonse, m'thumba mwanga!" Anyamata ena anayamba kumupempha kuti adzawaperekeze tsiku lawo likadzafika.

Anasamuka Khirisimasi itangopita. Pokweza katundu womaliza, Sandalamu anaima pageti n'kufuula kuti landilodi amve: "Kumene tikupita tizikadya nkhuku tsiku lililonse!"

Mwezi woyamba banki inadula K438,000. Sandalamu anaimba foni mokalipa. Anamukumbutsa za inshuwalansi, K34,500 pamwezi, zimene anauzidwa pamene iye ankadikira kuti nyimbo ithe. Anati, "Tsitsani." Anamuyankha kuti tsamba lachinayi lili ndi siginecha yake.

Mwezi wachiwiri kunagwa mvula ya masiku atatu. Denga linayamba kudontha pamwamba penipeni pa bedi. Sandalamu anadzuka m'mawa phewa litanyowa, anatenga foni, chala n'kupita chokha pa nambala imene chinazolowera kwa zaka khumi ndi zitatu.

"Nyumba ikudontha!" anakalipa. "Kodi ndalama zanga zimapita kuti?"

Kenako anamva mawu a landilodi wake wakale, odekha ngati a munthu amene akumwa tiyi. "Pepani kwambiri. Ndiye mwawauza eni nyumba?"

Sandalamu anadula foni. Malata anayi, misomali ndi kalipentala zinadya K180,000, atanenerera.

Mwezi wachinayi kunabwera kalata ya msonkho wa nyumba yochokera kukhonsolo. Iye sankadziwa n'komwe kuti nyumba imakhoma msonkho ngati munthu. Ku Chitawira ankayenda wapansi popita kuntchito masiku ena, koma kuchokera ku Machinjiri kagalimoto kake kankamwa mafuta ngati kali ndi ludzu la chilimwe. Paipi inaphulika. Geti linagwa. Nasibeko ankalemba zonsezi m'kope la sukulu. Miyezi yambiri nyumbayo inkadya ndalama zoposa K500,000. Nkhuku ya tsiku lililonse ija inasanduka bonya, ndipo bonyayo ankachita kumuwerenga.

Komabe Sandalamu sanagwe mphwayi. Ankadzitonthoza ndi masamu ake a m'mutu. Lendi ndi madzi othira pamchenga, iye ankatero, koma izi ndi njerwa. Mwezi uliwonse K403,500 ikulowa m'khoma. Pofika Disembala anawerengera kuti wapereka K4.8 miliyoni ndi kanthu pamwamba. Pa K20 miliyoni ndiye kuti patsala K15 miliyoni yokha. Anayenda m'nyumbamo manja ali kumbuyo, n'kugamula kuti pabalaza ndi kukhitchini tsopano ndi pake, banki yatsala ndi zipinda zogona.

Nkhani yotere sikanatha kukhala ya m'nyumba mokha. Anakonza phwando la chaka chimodzi. Anagula mbuzi, atanenerera mpaka mwini mbuzi anachotsa chingwe n'kupita nacho. Anaitana a kuntchito, a kumpingo ndi achibale. Anaitananso landilodi wake wakale, ndipo anamuikira mpando kutsogolo. Anali atapempha kubanki sitetimenti, pepala losonyeza pamene ngongole yafika, ndipo anailandira mu envelopu yomata. Sanaitsegule. Ankafuna kuti itsegulidwe pamaso pa anthu, ngati zotsatira za mayeso za mwana amene ukudziwa kale kuti wakhoza.

Linali Loweruka masana. Anthu atadya, Sandalamu anaimirira pakhonde n'kuyankhula mphindi makumi awiri za kuipa kwa lendi. Kenako anapereka envelopu ija kwa mlamu wake Gwedeza, mchimwene wa Nasibeko, amene ankalengeza zolengeza kutchalitchi ndipo sankafuna chimkuzamawu.

"Alamu, tawerengani pamene palembedwa kuti ngongole yotsala. Mokweza, akumbuyo amve."

Gwedeza anavala magalasi, anakonza kukhosi, n'kulengeza: "Ngongole yotsala: K19,953,000 ndi makobiri pang'ono!"

Ena anayamba kuwomba m'manja, chifukwa anali atakonzeka kale kutero. Kuwombako kunafera m'njira.

"Mwawerenga mzere wolakwika, alamu. Umenewo ndi wa poyambira."

"Wa poyambira ndi uwu, K20 miliyoni. Wa lero ndi uwu." Ndipo pofuna kuthandiza, Gwedeza anabwereza nambalayo mokweza kuposa poyamba, mpaka a nyumba yoyandikana nayo anasuzumira pampanda.

Landilodi wakale anayamba wamaliza kutafuna. Anapukuta zala chimodzichimodzi. "Ndiye kuti pachoka zingati?"

"K47,000," anatero mnyamata wina wa ku akaunti, amene pakamwa pake panathamanga kuposa nzeru zake.

Landilodi anadzuka. Anayang'ana nyumbayo kuyambira kudenga mpaka pansi, monga ankamuyang'anira Sandalamu kale. Anazungulira pang'ono n'kuloza kumbuyo. "Ndiye kuti chanu ndi chitseko icho, cha kuchimbudzi. Loko ayi, loko akadali wa banki." Anabwerera pampando wake n'kupempha kuti amuwonjezere chiwindi.

Phwando linatha msanga. Anthu anatsanzika mwaulemu wopitirira muyeso, ngati akuchoka pasiwa. Dzuwa lisanalowe pakhomo panatsala banja lokha ndi mbale zakuda.

Sandalamu anakhala pa sitepe ya khonde, sitetimenti ili m'manja. Anati banki yalakwitsa. Anati Lolemba akawaonetsa. Anati mwina kompyuta yawo ili ndi matenda. Nasibeko anamusiya anene zonse. Atatha, analowa m'nyumba n'kutuluka ndi choko. Anagwada pa simenti ya khonde.

"Bambo a kunyumba, lero mundilole. Pano pakhale pa Sitandade 4 pang'ono."

Nasibeko anayamba kulemba manambala pa simentipo.

"Pa K100 iliyonse amatenga K2 pamwezi. Pa K20 miliyoni ndi zingati?"

"K400,000," iye anayankha monyinyirika.

"Inu mumapereka zingati?"

"K403,500."

"Ndiye yopita kungongole yeniyeniyo ndi iti?"

Sandalamu anayang'ana manambala awiriwo nthawi yaitali. K3,500. Ndalama yosakwana n'komwe kugula nkhuku. Miyezi khumi ndi iwiri anakhala akunyamula thumba lolemera kupita nalo kubanki, ndipo m'thumbamo njerwa inali imodzi, kwinako kunali kulipira lendi ya ndalama za eni.

Nasibeko anasendera pambali pamene panali malo. Analemba 403,500, pansi pake 240, miyezi ya m'zaka makumi awiri. Anachulukitsa pang'onopang'ono, akutchula manambala monga amachitira ndi ana. Yankho linatuluka K96,840,000. Pambali pake analemba 441,000, pansi pake 120, miyezi ya m'zaka khumi. Yankho linatuluka K52,920,000. Anachotsera, n'kulemba mzere kawiri kunsi kwa yankho: K43,920,000.

"Iyi ndi imene munawonjezera tsiku lija," iye anatero. "Iyi," analemba 37,500 mwa timanambala ting'onoting'ono, "ndi imene munatsitsa."

Sandalamu anatulutsa foni yake n'kuwerengera katatu. Kenako anabwereka foni ya mkazi wake, poganiza kuti yakeyo yagwirizana ndi banki. Mafoni onse awiri anagwirizana ndi choko.

Anaona zaka zake. Anali ndi zaka makumi anayi ndi chimodzi. Ngongoleyo ikanatha iye ali ndi zaka makumi asanu ndi limodzi, chaka chomwecho chopumira ntchito. Mwana wawo wamkulu, amene anali Sitandade 7, akanadzafika pokwatira bambo ake akulipirabe. Ndalama zimene akanapereka zikanagula nyumba ngati imeneyo zinayi kungotsala pang'ono, koma iye akanatsala ndi imodzi, ya malata okalamba. Ndipo zonsezi palibe anamukakamiza. Anazipempha yekha, ataimirira, chipewa chili m'manja.

"Bwanji simunandiuze?" anafunsa ndi mawu otsika.

"Ndinayamba kukuuzani. Munati nsomba ikudya nyambo." Nasibeko anasasa choko m'manja. "Sindinafunse kuti nsombayo ndani."

Lamulungu Sandalamu sanapite kutchalitchi, poopa kuti Gwedeza angaiwale n'kulengezanso. Anakhala pansi pa mtengo wa mapeyala tsiku lonse. Panali njira ziwiri. Akanatha kukhala chete, kumalipira K403,500 yake, n'kumauza anthu kuti banki inalakwitsa ndipo yapepesa. Anthu akanaiwala pofika Isitala. Kapena akanabwerera kwa mayi uja amene anamutengera mawu m'maofesi onse, n'kukavomera kuti pa malonda aakulu kuposa onse a moyo wake, katswiri wa kunenerera anadzinenerera yekha. Njira yoyamba inali yopanda manyazi, koma mtengo wake unali utalembedwa pakhonde. Yachiwiri inali yotsika mtengo, koma inkawawa ngati dzino.

Lolemba m'mawa anapita kubanki. Jekete lija analisiya. Nasibeko anamuperekezanso, ndipo ulendo uno kope lake linali m'manja.

Mayi Chiwaula anawakumbukira. Anatulutsa faelo n'kutsegula tsamba lija. Nambala yozungulizidwa ndi cholembera chofiira inali pomwepo, ndipo chapafupi panali siginecha ya Sandalamu, yaikulu, ya mchira wopindika mokondwa. Mayiyo sanaseke. Sandalamu akanakonda akanaseka, chifukwa akanapeza pokwiyira.

"Tikuthandizeni bwanji, bambo Sandalamu?"

Iye anatsegula pakamwa. Liwu limene ankafuna linali lisanatulukepo pakamwa pake chibadwire, ndipo linakakamira pakhosi ngati fupa la nsomba. Anakhosomola. Anapempha madzi. Anayang'ana mkazi wake, mkaziyo n'kuyang'ana kudenga.

"Kwezani," anatero.

"Pepani, sindinamve."

"Kwezani, mayi! Ya pamweziyo. Zakazo ndiye mudule."

Mayi Chiwaula anawerengera. Anati pa ngongole imene yatsala, akafuna kumaliza m'zaka khumi kuchokera tsikulo, azipereka K440,000 pamwezi, inshuwalansi ili padera. Nasibeko anatsegula kope, anachulukitsa ndi 120, anawonjezera za chaka chimene chinapita kale, n'kusonyeza mwamuna wake. Zonse pamodzi zinali K57.6 miliyoni. Sandalamu anawerenga nambalayo ndi chala, kuchokera kumanzere kupita kumanja, kenako kuchokera kumanja kupita kumanzere. Anafunsa ngati chiwongoladzanja chingasinthe pakati pa njira. Anamuuza kuti inde, chikhoza kukwera kapena kutsika, ndipo chikakwera ya pamwezi idzakwera nayo. Anafunsa ngati amaloledwa kuponyapo ndalama yapadera akapeza bonasi. Anamuuza kuti amaloledwa, ndipo yonseyo imapita kungongole yeniyeniyo. Anafunsa mafunso kwa ola lathunthu. Anawerenga masamba onse, ndi tsamba lachinayi lomwe, anthu a pamzere kunja akung'ung'udza. Atatero anasaina, ndi siginecha yaing'ono.

K36,500 yowonjezerayo sinagwe kumwamba. Dishi yoonera mpira inatsika padenga, ndipo Sandalamu anayamba kukonda kwambiri aneba ake Loweruka lililonse masana. Kagalimoto kanayamba kugona pakhomo masiku atatu pa sabata, mwiniwake akupanikizana ndi anthu m'minibasi. Zocheza za Lachisanu ndi anzake zinatha. Panali miyezi ina yowawa, makamaka ya fizi, imene iye ndi Nasibeko ankakhala ndi kope lija osayankhulana. Chaka china chiwongoladzanja chinakweradi, ndipo analimba nacho movutikira. Koma Disembala aliyense ankatsegula sitetimenti ali awiri, chitseko chotseka. Chaka choyamba cha mgwirizano watsopanowo ngongole inatsika ndi ndalama zoposa theka la miliyoni. Chaka chotsatira inatsika kwambiri kuposa apo, chifukwa ngongole ikamachepa, chiwongoladzanja chimachepa nayo, ndipo gawo lopita kukhoma limakula.

Anyamata a kuntchito aja anabweradi kudzamupempha kuti awaperekeze kubanki. Iye anawauza kuti munthu woyenera kuwaperekeza amapezeka kusukulu ya pulayimale, akaweruka.

Analandira chikalata cha nyumba ali ndi zaka makumi asanu ndi chimodzi. Phwando sanachite. Za chaka choyamba chija, K4.8 miliyoni imene inagula K47,000, sizinabwerere, ndipo mpaka lero akazikumbukira amasiya kudya.

Tsono inu amene mwakhala pano kumvetsera nkhaniyi, ena mwa inu mafomu a ngongole ya nyumba ali kale m'zikwama. Sindikuti musatenge. Nyumba ndi chinthu chabwino, ndipo ambiri a ife sitingaigule ndi ndalama ya m'thumba. Sindikutinso zaka zambiri ndi tchimo. Ngati msana wanu ungathe kunyamula yaing'ono yokha, nyamulani yaing'onoyo, koma mudziwe mtengo wa ulendo wautaliwo musananyamuke.

Ngongole ya nyumba ili ndi mitengo iwiri. Woyamba ndi wa pamwezi, ndipo si nambala yokhayo imene banki ikutchulirani. Muikepo inshuwalansi, msonkho wa kukhonsolo, mayendedwe, ndi denga limene lidzadonthe, chifukwa lidzadontha. Muikeponso malo opumira, kuti chiwongoladzanja chikadzakwera musadzamire. Wachiwiri ndi wa zaka zonse. Umenewu sufuula. Umakhala pansi pa tsamba, ndipo umapezeka ndi masamu amene mwana wa zaka khumi amawadziwa: ya pamwezi kuchulukitsa ndi miyezi. Mufunsenso kuti pa ndalama ya mwezi woyamba, yopita kungongole yeniyeniyo ndi zingati. Akakuuzani, musachite manyazi kukhala kaye chete.

Pepalalo mupite nalo kunyumba. Ligone pa tebulo masiku awiri. Muliwerenge ndi amene mudzadye naye bonyayo, chifukwa ngongoleyo mudzasenza awiri ngakhale wosaina akhale mmodzi. Akulu anati pang'onopang'ono ndi mtolo, ndipo ife timakonda kuunena mwambiwu tikamasunga ndalama. Kubanki nakonso amaudziwa. Musanagwire cholembera, dziwani kuti mtolo umene ukumangidwawo ndi wa yani.